Patebulo la mabwana akale a ku England: zolemba za ulendo

Lolemba, London

Ulendo ndauyambira pa Jermyn Street, kamsewu ka kuseri kwa Piccadilly kodzaza ndi mashopu a malaya a abambo, nsapato ndi tchizi. Achemwali, omwe akhalitsa kuno pa ntchito ya unamwino, atenga tchuthi kuti andiperekeze. Ine ntchito yanga ndi yophika. Kusukulu ya zamahotela anatiphunzitsa kuti supu ayambe, nsomba itsatire, nyama ibwere pambuyo, ndipo palibe ankafunsa kuti dongosololi mwini wake ndani. Sabata ino ndikufuna ndione matebulo ndi makhitchini a mabanja a ma Duke ndi ma Lord a m'nthawi ya Mfumu Edward VII, amene analamulira kuyambira 1901 mpaka 1910, ndidziwe zomwe ankazikonda ndi zomwe ankazikankhira kumbali.

Pamsewu umenewu pali hotela ya Cavendish. Nyumba yomwe ilipo lero ndi ina, koma dzina ndi malo ndi zomwe Rosa Lewis anatenga mu 1902. Mayiyu anabadwira ku Leyton mu 1867, anayamba ntchito ya m'nyumba ali ndi zaka 12, nadzaphunzira kaphikidwe ka Chifalansa kukhitchini ya Comte de Paris, kalonga wa ku France yemwe ankakhala ku England atachoka kwawo. Kenako zinafika poti mayi wolemera aliyense amene akuyembekeza mfumu pa mgonero ankayamba waitanitsa Rosa. Chimene mfumu inkamukondera kwambiri ndi zinziri zokutidwa mu ufa wa tirigu wokanda ndi mafuta a ng'ombe, zophika ndi nthunzi mpaka msuzi wonse utsalire mkati. Ndaima pakhomo pa hotelayo mtima uli myaa, poganiza kuti wophika mnzanga wochokera kubanja wamba ndiye ankadziwa pakamwa pa mfumu kuposa nduna zake.

Nkhani ya zinziri ili ndi mbali inanso. Edward amayenera kuvekedwa ufumu pa 26 June 1902. Chakudza sichiimba ng'oma: kutatsala masiku awiri anadwala m'mimba, madokotala anamuchita opaleshoni, mwambo unasunthidwa kufika pa 9 August. Koma kukhitchini ya ku Buckingham Palace zonse zinali zitapsa kale. Gabriel Tschumi, wophika wa ku Switzerland amene analipo, anadzafotokoza kuti zinziri zambirimbiri, miyendo ya nkhosa ndi zina zosasungika anazipereka kwa masisitere kuti akagawire amphawi a kum'mawa kwa mzindawu.

Madzulo tadutsa pa hotela ya Savoy, pomwe wophika wotchuka wa ku France, Auguste Escoffier, anayamba kuphika mu 1890 asanasamukire ku hotela ya Carlton mu 1899. Mabwana a kuno ankafuna wophika Mfalansa, menyu yolembedwa m'Chifalansa, koma osati zonse zomwe Afalansa amadya. Achule ankanyansidwa nawo. Escoffier anaphika miyendo ya achule, naiziziritsa mu msuzi wofiirira wa paprika, naipatsa dzina lokongola losatchula chule. Anadya natamanda.

Lachiwiri, Polesden Lacey

Nyumba iyi ili ku Surrey, pafupi ndi Dorking, pamtunda woyang'ana chigwa cha nkhalango. Mwini wake anali Margaret Greville, mwana wa William McEwan, wofulula mowa wa ku Edinburgh. Magazi achifumu analibe. Anali ndi ndalama za mowa, nyumba yomwe anaipeza mu 1906, ndi wophika Mfalansa. Mu June 1909 Mfumu Edward anadzagona kuno, ndipo kuyambira pamenepo ma Duke omwe akanamunyoza ankalimbirana kalata yake yowaitana.

Ndakhalitsa m'chipinda chodyera mpaka achemwali atopa nane.

"Achemwali, tadikirani pang'ono, ndikuwerenga mafoloko."

"Werengani, mundipeza panja pa benchi."

Mgonero wa nthawi imeneyo unkayenda motere. Supu wamitundu iwiri, wina woyera mbee woti uone pansi pa mbale, wina wa kirimu. Nsomba. Kenako kanyama kofewa ka msuzi wa Chifalansa, kenako nyama yaikulu, kawirikawiri msana wa nkhosa. Apa ankapereka ayisi wa zipatso kuti pakamwa papume, n'kubwera mbalame yowotcha. Zotsekemera zikatha ankabwezanso kanthu kamchere, monga oyisitara wokulunga mu bekoni, kenako zipatso. Mbale sizinkaikidwa zonse patebulo. Antchito ankazungulira ndi chimodzichimodzi, ndipo n'chifukwa chake munthu mmodzi ankafunika mafoloko, mipeni ndi matambula ochuluka chonchi. Kadyedwe kameneka kankadya antchito ambiri, ndipo kuchuluka kwa antchito ndiko kunali kudzionetsa kwenikweni.

Edward anali munthu wankhuli. Pofika nthawi yovekedwa ufumu m'chiuno mwake munali mainchesi 48. Ankakonda mazira a mbalame yakudambo yotchedwa plover, caviar (mazira a nsomba othira mchere), oyisitara, ndi timbalame ta snipe tochotsa mafupa n'kulongamo chiwindi chonona cha tsekwe. Ankadya mofulumira ndipo sankafuna kuti mgonero uchedwe, choncho mbale ya mlendo wodya pang'onopang'ono inkatha kuchotsedwa asanamalize. Usiku ankamuikira nkhuku yowotcha yozizira pafupi ndi bedi. Mowa sankamwa kwambiri, koma fodya ndiye ankasuta: ndudu zikuluzikulu 12 ndi zing'onozing'ono 20 patsiku. Chaka ndi chaka ankapita ku Marienbad kukamwa madzi a pa akasupe kuti thupi litsikeko. Olemba mbiri yake amati chomwe sankachifuna n'chimodzi, phala la arrowroot, kaphala koyera kosakoma komwe ankapatsa odwala ndi makanda. Mkazi wake, Mfumukazi Alexandra, ankangotola pang'ono. Chomwe mtima wake unkafuna ndi rødgrød, phala la zipatso zofiira la kwawo ku Denmark.

Chandikhudza n'chakuti munthu yemweyu, ndi zonona zonsezi, Lamulungu ankafuna nyama ya ng'ombe yowotcha, mbatata ndi Yorkshire pudding (chitumbuwa chowotcha cha ufa, mazira ndi mkaka), chakudya chomwe mphunzitsi kapena mwini golosale ankadyanso tsiku lomwelo ngati ndalama yalola.

Lachitatu, Petworth

Kuno ku West Sussex ndiko ndaona ntchito yanga. Khitchini ya Petworth House siili m'nyumba ya mabwana. Ili m'nyumba ina payokha, ndipo chakudya chinkadutsa mumsewu wapansi panthaka kuti chikafike kodyera. Chifukwa china chinali kuopa moto. China chinali fungo. Anthuwa ankadana ndi fungo la zophika, makamaka la kabichi wowira ndi la mafuta, moti ankalolera kudya zopola kusiyana n'kuti mlendo anunkhize za kukhitchini ali pabalaza.

M'mashelefu muli mapoto ndi zikombole zamkuwa pafupifupi 1,000. Ndayandikira chikombole china cha jeli, cha nsonga ngati kansanja, chokhala ndi timizere tambirimbiri. Timizere tonseto munthu ankayenera kutitsuka ndi chala. Ankachita ntchitoyo ndi kamtsikana kotsuka mbale, kamene kankadzuka onse ali mtulo n'kugona onse atagona, kakukwecha mkuwa ndi mchenga, mchere ndi viniga monga momwe timakwechera mapoto kudambo, kungoti madzi ake anali ozizira ndipo zala zinkang'ambika. Mkati mwa poto ankamatamo tini, chifukwa mkuwa ukakumana ndi zowawasa umatulutsa poizoni. Tini ikaperepeseka, poto ankamutumiza kwa mmisiri.

Zomwe ankadana nazo ndaziganizira kwambiri ndili mmenemo. Adyo ankamuona ngati wa alendo ndi anthu wamba. Ngakhale buku la Mrs Beeton la mu 1861, lomwe linali m'makhitchini ambiri, limanena kuti fungo la adyo anthu ambiri amanyansidwa nalo. Wophika Mfalansa ankangopaka kachidutswa m'mbale ya saladi n'kukataya. Masamba ankawawiritsa mpaka afooke. Pa zam'kati mwa nyama panali tsankho lodabwitsa: impso zotsabola zinali kadzutsa wa ma Lord, koma nthumbwana inali ya ogwira ntchito m'mafakitale a kumpoto. Batala wochokera ku ng'ombe zapakhomo anali wa pamwamba, majarini wa osauka. Supu wa kamba wa m'nyanja, wobwera wamoyo pa sitima kuchokera ku West Indies, anali wa maphwando akuluakulu, ndipo amene sakanakwanitsa ankaphika mutu wa thole n'kuukometsera kuti ufanane naye.

Ine monga wophika sindikhulupirira kuti lilime lawo linapeza vuto mu adyo kapena nthumbwana. Ankayamba afunsa kuti chakudyachi amadya ndani, kenako n'kumva kukoma kapena kuipa kwake.

Lachinayi, Blenheim

Blenheim Palace, ku Woodstock pafupi ndi Oxford, ndi yaikulu moti miyendo yandiwawa. Muno ndimo munabadwira Winston Churchill mu 1874, koma ine ndabwerera Consuelo Vanderbilt, mtsikana wa ku America wa chuma cha njanji, amene mayi ake anamukakamiza kukwatiwa ndi Duke wachi 9 wa Marlborough mu 1895.

Atakalamba anafotokoza momwe mgonero wa awiriwo unkakhalira. Antchito ankaika chakudya n'kutuluka, kudikira belu. Duke ankadzaza mbale yake, n'kuikankhira kutali pamodzi ndi mipeni ndi matambula, n'kutsamira kumbuyo akupotoza mphete ya pachala, osayankhula. Patapita nthawi ankayamba kudya pang'onopang'ono, n'kudandaula kuti chakudya chazizira. Consuelo anayamba kubwera ndi zoluka patebulo, ndipo mkulu wa antchito ankawerenga mabuku panja podikira. Anapatukana mu 1906. Ndamumvera chisoni mayiyu, ndamveranso chisoni wophika amene msuzi wake unkaundana pambale tsiku ndi tsiku.

M'nyumba ngati izi munali malamulo osalembedwa. Supu ndi nsomba supempha kachiwiri. Kuyamikira chakudya pamaso pa mwini nyumba ambiri ankakuona ngati kusaleredwa, ngati kuti wadabwa kuti kuno amadya bwino. Mabanja akale ankanyoza mpeni wodyera nsomba, chifukwa mipeniyi inatchuka m'nthawi ya Mfumukazi Victoria, mayi ake a Edward, ndipo kukhala nayo kunkaulula kuti siliva wa pakhomopo ndi wogula posachedwa, si wosiyidwa ndi makolo. Iwo ankadya nsomba ndi foloko ndi kachidutswa ka buledi, kapena mafoloko awiri. Mpeni womwewo ife tinauloweza pa mayeso.

Tiyi wa 5 koloko tamwera m'tauni ya Woodstock. Pa tiyi naponso panali kusankha: wa ku China ankamuyesa wapamwamba, wakuda wa ku India ndi Ceylon anali wa aliyense. Zaka zomwezo minda ya tiyi ya ku Mulanje inali ikungoyamba kumene.

Lachisanu, Chatsworth

Tanyamuka m'mamawa kupita ku Derbyshire. Chatsworth ndi mudzi wa banja la Cavendish, ma Duke a Devonshire. Duke wachi 8, amene anamwalira mu 1908, anakana katatu kukhala nduna yaikulu ya dziko, ndipo Edward ndi Alexandra ankabwera kuno mu January kudzachita maphwando. Za iyeyu amasimba kuti tsiku lina anafika pa mgonero wina atatopa ndi misonkhano, njala itamupweteka. Timbale ta Chifalansa tinkangobwera, iye ali duu. Atalowa wantchito ndi nyama ya ng'ombe yowotcha, anafuula mokondwa kuti tsopano kwabwera chakudya.

Nkhani imeneyi ndi ya Edward ndi nyama yake ya Lamulungu zandipatsa yankho lomwe ndimalifuna. Mwana wa Duke sankadya ndi makolo ake. Ankakulira m'zipinda zam'mwamba ndi mlezi, ndipo chakudya chake chinali nyama ya nkhosa yowiritsa, nsomba yoyera yopanda zokometsera, buledi ndi batala, mpunga wophika mumkaka, ndi phala la tapioca. Tapioca ndi ufa wa chinangwa wopangidwa timibulu, ndipo ana ambiri ankadana nalo chifukwa likapsa limaoneka ngati mazira a achule. Zipatso zosaphika ndi zokometsera ankati n'zoipa kwa mwana. Akafika zaka 8 mnyamata ankatumizidwa kusukulu yogonera komweko, kumene chakudya chinali choperewera ndi chosakoma. Munthu woleredwa chonchi akakula ankalemba ntchito Mfalansa kuti anzake amulemekeze, koma akakhala kukalabu yake ku London ankaitanitsa nyama yowotcha ndi pudding wa jamu. Zomwe anazolowera kwa mlezi sizinkamuchoka.

Masana tazungulira dimba. Apa m'pomwe chuma chinkaonekera kuposa m'nyumba. Mabwanawa ankakonda chipatso chodyedwa pa nyengo yosakhala yake: mphesa m'nyengo yachisanu, sitiroberi masika asanafike, mapichesi, mavwende ndi zinanazi m'dziko lomwe dzuwa lake silingapsetse chinanazi. Chinanazi chobwera pa sitima chitayamba kutchipa, ulemu wake unatsika. Chofunika chinali choti mlendo adziwe kuti chamera pakhomo pomwepo. Joseph Paxton, woyang'anira dimba lino, anakulitsa nthochi m'nyumba ya magalasi m'ma 1830, ndipo mtundu wa nthochi wa Cavendish, womwe lero wadzaza m'masitolo a dziko lonse lapansi, unatenga dzina ku banja lino.

Nyumba yake yaikulu ya magalasi inkadya malasha matani pafupifupi 300 pachaka. Malashawo ankadutsa pansi panthaka kuti alendo asaone utsi ndi anthu akuda ndi mwaye. Talowa mumsewu wa malashawo, muli chinyezi ndi mdima, madzi akudontha kuchokera kudenga. Pa nkhondo ya 1914 malasha anasowa, anyamata a m'dimba anapita kunkhondo, zomera zinafa ndi kuzizira, ndipo mu 1920 nyumbayo anaigwetsa. Patsala maziko okha.

Loweruka, panjira

Mvula tsiku lonse, ndipo msewu wopita ku Norfolk ndi wautali. M'galimoto ndakhala ndikuganiza za amene sanali patebulo. Mu 1901 Seebohm Rowntree anatulutsa kafukufuku wake wa mzinda wa York, wosonyeza kuti anthu pafupifupi 28 pa 100 alionse anali pa umphawi. Chakudya chawo chinali buledi, tiyi, mbatata ndi mafuta otsalira powotcha nyama. Kanyama kakapezeka kankapita kwa bambo wogwira ntchito, mayi ndi ana n'kumwera tiyi. Pa nkhondo ya ku South Africa ya 1899 mpaka 1902 anyamata ambiri ofuna usilikali anabwezedwa chifukwa cha matupi ofooka ndi mano owola, ndipo mu 1906 boma linakhazikitsa lamulo lolola makhonsolo kudyetsa ana kusukulu. Anthu amenewa mwayi wonena kuti ichi sindidya analibe.

Lamulungu, Sandringham

Sandringham ili pafupi ndi King's Lynn, ndipo inagulidwa mu 1862 kuti ikhale ya Edward akadali kalonga. Polowa m'chipinda chachikulu pali sikelo ya mpando, yonga yoyezera okwera mahatchi a mpikisano. Alendo ankayezedwa pofika ndi pochoka, n'kulembedwa m'buku, ndipo wolemererapo ndiye ankasonyeza kuti walandiridwa bwino. Mawotchi a pano ankatsogola ndi theka la ola kuti alenje apeze kuwala kokwanira m'nyengo yachisanu, mpaka mdzukulu wake Edward VIII anathetsa zimenezo mu 1936.

Pa zakudya zonse, mbalame yakutchire ndiyo inali pamtima pa anthuwa. Malamulo anaika masiku oyambira: grouse (mbalame ya m'zitunda) pa 12 August, nkhwali pa 1 September, pheasant (mbalame ya mchira wautali) pa 1 October. Moyo wa chaka chonse unkatsata masiku amenewa. Uzimba wake unali wakuti anthu a m'mudzi ankayenda mumzere akumenya tchire ndi ndodo, mbalame n'kuulukira komwe mabwana aima, aliyense ali ndi munthu womuikira zipolopolo mumfuti yachiwiri. Ma pheasant ambiri anali oweta, oswedwa ndi nkhuku n'kuwataya m'nkhalango. Pa 18 December 1913 ku Hall Barn, ku Buckinghamshire, anapha ma pheasant 3,937 tsiku limodzi, ndipo Mfumu George V, mwana wa Edward, yekha anapha oposa 1,000. Pamenepo sipanalinso za njala kapena kukoma. Mlimi wosauka akagwidwa atatchera imodzi mwa mbalame zomwezo ankakaonekera kukhoti, ndipo zimenezi zimandipweteka mtima.

Mbalame ikaphedwa sankaidya tsiku lomwelo. Ankaipachika ndi nthenga zake, matumbo ali mkati, sabata kapena kuposerapo m'chipinda chozizira, mpaka iyambe kafungo. Nyama imafewadi, izo ndikuvomereza monga wophika. Koma anthu omwe ankathawa adyo ndi kabichi ndi omwewo ankatamanda fungo limeneli, chifukwa linali fungo la mbalame ya pamalo awo.

George V analibe nkhuli ya bambo ake. Anakulira pa sitima zankhondo ndipo ankakonda zakudya wamba ndi ndiwo za curry za ku India. Nkhondo itavuta, mu April 1915 analetsa mowa m'nyumba zonse zachifumu, mkazi wake Mfumukazi Mary anachepetsa nyama ndi kuchuluka kwa mbale, ndipo mu 1918 shuga, batala ndi nyama zinayamba kuperekedwa mwa muyezo m'dziko lonse. Antchito a pano, a m'dimba, osamala mbalame ndi a m'makola, anapita kunkhondo pamodzi motsogozedwa ndi Frank Beck, woyang'anira esiteti, ndipo iye ndi ena mwa iwo anafera ku Gallipoli, ku Turkey, mu August 1915. Nkhondo itatha atsikana ambiri sanafunenso kubwerera kukakwecha mkuwa, misonkho ya chuma cha masiye inakwera, ndipo mgonero wa mbale khumi unayamba kufupika.

Dzulo tinagula nkhwali ziwiri pa butchala ina m'njira, poti ino ndi nyengo yake. Wogulitsayo anati zapachikidwa masiku ochepa chabe, ndipo anatichenjeza kuti tizitafuna mosamala. Ndaziphika madzulo ano pa kanyumba komwe tagona. Pozikonza ndapeza timabowo pachifuwa, ndipo nditafinya ndi chala kwatuluka kachipolopolo kakang'ono ngati njere ya mapira, kali ndi kanthenga komwe kanalowa nako mkati. Ndatulutsa tinayi.

"Muziphika chachizungu kapena chakwathu?" anafunsa achemwali.

"Imodzi ndiwotcha ndi batala ndi bekoni pachifuwa, monga ankachitira iwo. Inayo ya tomato ndi anyezi."

"Ufa ndinanyamula. Yakwathuyo muikemo tsabola."

Yowotchayo inafunika mphindi 25 zokha pamoto waukulu, ndipo mkati inatsala yofiirira pang'ono, yofewa, ya msuzi wake. Achemwali analawa kachidutswa n'kubwerera ku ya tomato. Ine ndinamaliza yowotchayo, ndipo ndikabwerera kuntchito ndikayesa kaphikidwe komweko pa zinziri.